Bellini: Chakumwa cha ku Venice Chodikira Mapichesi Kupsa

Zakumwa zambiri zosakaniza zimalira mabotolo angapo, zida zonyezimira ndiponso munthu wodziwa kukhutchumula. Bellini salira zonsezo. Muli zinthu ziwiri basi: mapichesi okanya ndi vinyo wa thovu wozizira bwino. Koma chakumwa chimenechi, chomwe chinayambira m'kabala kakang'ono mumzinda wa Venice ku Italy, n'chimodzi mwa zakumwa zomwe malesitilanti ambiri amazilephera. Pamene pali zinthu ziwiri zokha palibe pobisa cholakwika. Pichesi likakhala losapsa, tambula yonse ndiye yaonongeka, ngakhale vinyoyo atakhala wodula motani.

Masiku ano Bellini amadziwika kwambiri pa chakudya cha Loweruka kapena Lamulungu chomwe chimaphatikiza kadzutsa ndi nkhomaliro, chija Angerezi amati brunch. Anthu amadzuka mochedwa, n'kukumana dzuwa litakwera, patebulo pali mazira, buledi ndi zipatso. Amene akufuna kukonzera alendo ake Bellini weniweni pa tsiku lotere, ntchito yake imayambira pamsika masiku awiri kapena atatu m'mbuyo. Kuti zimveke chifukwa chake, ndi bwino kuyamba ndi amene anayambitsa chakumwachi.

Ngongole yomwe inabala Harry's Bar

Giuseppe Cipriani anabadwira ku Verona mu 1900. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1920 ankagwira ntchito yosakaniza zakumwa pa Hotel Europa ku Venice. Mmodzi mwa makasitomala ake anali mnyamata wa ku Boston ku America, dzina lake Harry Pickering, wochokera m'banja lolemera. Malinga ndi momwe banja la Cipriani limafotokozera, mnyamatayu anasiya kubwera ku bala chifukwa abale ake anali atamudulira ndalama. Cipriani anamubwereka ndalama zokwana 10,000 lire, zomwe kwa munthu wolembedwa ntchito pa hotela zinali zambiri ndithu. Patapita nthawi, Pickering anabwerera ku Venice, anabweza ngongoleyo n'kuwonjezerapo ndalama zina zochuluka kuti Cipriani atsegule bala yakeyake. Balayo inatsegulidwa pa 13 Meyi 1931 ndipo inatenga dzina la Pickering yemweyo: Harry's Bar.

Malowo sanali apamwamba. Chinali chipinda chosungiramo zingwe za mabwato, kumapeto kwa kamsewu kotchedwa Calle Vallaresso, pafupi ndi bwalo la San Marco, pomwe ngalande yaikulu ya mzindawu imathira m'nyanja. Chipindacho n'chaching'ono mpaka lero, matebulo ake ndi afupiafupi, ndipo munthu wosadziwa akhoza kupitirira pakhomo osazindikira. Komabe anthu otchuka ankadzazana mmenemo. Ernest Hemingway anali ndi tebulo lake pakona, ndipo balayi imatchulidwa m'buku lake la mu 1950 lotchedwa Across the River and Into the Trees. Orson Welles ndi Truman Capote nawonso ankamwa pomwepo. Mu 2001 boma la Italy linaika Harry's Bar m'gulu la malo osungidwa ngati chuma cha dziko.

Anthu a ku Italy anayamba kale kuviika mapichesi odulidwa m'vinyo nthawi yotentha, n'kumadya atamaliza chakudya. Cipriani anatembenuza mwambowo. M'malo moika zidutswa za chipatso m'vinyo, anakanya chipatsocho mpaka kukhala phala losalala, n'kuthiramo Prosecco, vinyo wa thovu wa m'dera lomwelo la Veneto. Chaka chomwe chimatchulidwa kawirikawiri monga chiyambi cha dzina lakuti Bellini ndi 1948. Dzinalo ndi la Giovanni Bellini, katswiri wojambula zithunzi wa ku Venice yemwe anamwalira mu 1516, mphunzitsi wa wojambula mnzake Titian. Akuti mtundu wa chakumwacho, pinki wotuwirako, unakumbutsa Cipriani chovala cha woyera mtima wina pa chithunzi cha Bellini. Sikanali komaliza kuti atchule chinthu chodyedwa dzina la wojambula: nyama ya ng'ombe yaiwisi yodulidwa mopyapyala, yomwe dziko lonse limaitcha carpaccio, anaitcha pokumbukira Vittore Carpaccio, wojambula winanso wa mumzinda womwewo.

Miyezi inayi yokha pachaka

Chomwe ambiri amaiwala n'chakuti Bellini woyambirira sankapezeka chaka chonse. Mapichesi oyera mkati, omwe Cipriani ankawakonda, amapsa kuyambira mu Juni mpaka mu Sepitembala ku Italy. Nyengoyo ikakwana, antchito a m'khitchini ankakhalira kutumbula mapichesi, kuchotsa njere ndi kukanya pamanja tsiku ndi tsiku. Nyengoyo ikatha, chakumwacho chinkachoka pa mndandanda mpaka chaka chinacho, ndipo kasitomala wofika mu Disembala ankamwa zina.

Zinthu zinasintha pamene phala la mapichesi loumitsa m'mafiliji linayamba kugulitsidwa. Bellini anayamba kupezeka mwezi uliwonse, ndipo pamene Arrigo Cipriani, mwana wa Giuseppe, anatsegula lesitilanti ya banjali ku New York mu 1985, chakumwachi chinali chitafala kale kutali ndi kwawo. Kwawoko chinali chakumwa chotsegulira kukhosi chakudya chisanabwere, masana kapena madzulo. Ku America ndi ku Britain n'komwe chinapezerapo malo pa tebulo la brunch, pambali pa Mimosa, yemwe ndi madzi a malalanje osakaniza ndi vinyo wa thovu.

Kufalako kunabwera ndi zachinyengo zake. Ena amathira mapichesi a m'chitini, omwe ndi ophika ndipo amakhala m'madzi a shuga. Ena amathira mowa wotsekemera wokhala ndi fungo la mapichesi lochita kupanga ku fakitale. Enanso amathira juwisi wa m'katoni. Zonsezi zimatsekemera, zina zimaoneka bwino m'tambula, koma zilibe fungo la chipatso chomwe changotumbulidwa kumene. Wokonzera pakhomo pake ali ndi mwayi womwe lesitilanti yotanganidwa ilibe. Iye akhoza kudikira nyengo, n'kukanya mapichesi okwanira anthu asanu ndi awiri okha.

Kusankha chipatso

Mtengo wa mapichesi unayambira ku China zaka masauzande zapitazo, ndipo mpaka pano dziko limenelo limakolola mapichesi opitirira theka la onse olimidwa padziko. Mtengowu umafuna kuzizidwa kwa masabata angapo kuti uchite maluwa bwino. N'chifukwa chake kuno kwathu umabereka m'madera okwera monga Dedza, Ntcheu ndi Neno, ndipo zipatso zake zimafika m'misika nthawi ya chilimwe chakumapeto kwa chaka, dzuwa likuswa mtengo. A ku South Africa, makamaka ochokera ku Western Cape, amafika m'masitolo kuyambira cha mu Novembala mpaka cha mu Malichi. Ndiye kuti pamene ku Venice kukuzizira ndipo mitengo yayoyola masamba, kum'mwera kuno ndi pomwe nyengo ya Bellini yafika.

Mapichesi oyera mkati ali ndi asidi wochepa kusiyana ndi achikasu, choncho amakoma mofatsa ndipo amanunkhira ngati maluwa. Achikasu amawawasirako ndipo kukoma kwake n'kwamphamvu. Akasowa oyera, achikasu akupsa bwino amagwira ntchito, kungoti chakumwacho chimatuluka chachikasu chofiirira m'malo mwa pinki. Pichesi lachikasu lakupsa limaposa loyera losapsa.

Kufiira kwa khungu sikutanthauza kupsa. Kumangosonyeza mbali yomwe inkaombedwa ndi dzuwa. Poyenera kuyang'ana ndi pamene panali phesi: pakakhala pobiriwira, chipatsocho chinathyoledwa msanga. Kenako linunkhizeni. Pichesi lakupsa limamveka fungo musanalifikitse n'komwe pamphuno. Pomaliza ligwireni m'dzanja lonse n'kudinikiza pang'ono ndi chala chachikulu pafupi ndi phesi. Likabonyoka pang'ono lapsa, likakana ngati mbatata yaiwisi libwezereni. Shuga wa pichesi amachokera kumtengo. Likathyoledwa limafewa ndi kuonjezera madzi, koma silitsekemera kuposa mmene linaliri. Losapsa kwenikweni, ngakhale mulisunge sabata, limangofota.

Omwe atsala pang'ono kupsa aikeni m'pepala lakhaki pamodzi ndi nthochi yakupsa, pamalo opanda dzuwa, kwa tsiku limodzi kapena awiri. Nthochi imatulutsa mpweya wofulumizitsa zipatso kupsa. Musawaike m'filiji asanapse, chifukwa kuzizira kumaononga mnofu wake: pichesi limauma mkati, n'kumamveka ngati ufa m'kamwa, madzi ake osatuluka. Ndipo amene wagula a m'mbali mwa msewu atumbule limodzilimodzi n'kuyang'ana pafupi ndi njere, poti ntchentche za m'zipatso zimaikira mazira m'mapichesi akupsa. Paja akuluakulu anati chikomekome cha mkuyu, mkati muli nyerere.

Kukanya

Botolo limodzi la vinyo, la mamililita 750, limakwana matambula asanu ndi awiri, ndipo limafuna phala lokwana pafupifupi mamililita 350. Amenewo ndi mapichesi akuluakulu anayi kapena asanu. Ang'onoang'ono akumudzi mungafune khumi.

Tsukani zipatsozo n'kupukuta ubweya wa pakhungu ndi kansalu. Dulani mozungulira njere, potozani mbali ziwirizo, chotsani njereyo. Mnofu wofiira womwe umamatira ku njere musautaye, ndiponso khungu musasende ngati lili lopyapyala, chifukwa mtundu wa pinki uja umachokera mmenemo. Ikani sefa yawaya pamwamba pa mbale yakuya, ikanimo zidutswa zochepa, ndipo kanikizani ndi kumbuyo kwa supuni yaikulu mozunguza. Poyamba pamatsika madzi okhaokha, kenako phala lokhuthala limayamba kulendewera pansi pa sefayo. Lipaleni ndi supuni ina yoyera. Pamwamba pamatsala khungu ndi ulusi. Pichesi lakupsa bwino silivuta, limangosungunuka. Mukaona kuti mkono wayamba kutopa, vuto ndi chipatsocho.

A banja la Cipriani amaletsa kugaya mapichesi m'makina, ndipo chifukwa chake n'chomveka. Makina amalowetsa mpweya wambiri m'phala. Mpweyawo umalidetsa msanga, monga zimachitikira ndi chipatso chilichonse chodulidwa chikakhala pamtunda, komanso phala lodzaza mpweya limafufuma ndi kusefukira likakumana ndi vinyo. Ngati palibe kuchitira mwina, gayani kwa masekondi ochepa chabe, sefani, n'kulisiya m'filiji kuti likhazikike.

Mukangomaliza kukanya, finyiranimo madzi a mandimu okwana supuni yaing'ono imodzi kapena awiri. Asidi wa mandimu amachedwetsa kuda kwa phala. Kenako lawani. Likakhala lowawasa, sungunulani shuga pang'ono m'madzi otentha ofanana naye muyezo, dikirani azizire, ndipo thirani pang'onopang'ono mukulawa. Shuga wouma musathire mwachindunji, chifukwa sasungunuka bwino m'zozizira ndipo timibulu take timautsa thovu. Ofuna mtundu wowala amakanyiramo timabulosi tiwiri kapena titatu ta rasipiberi, monga amachitira ena ku Italy komweko. Vindikirani bwino, ikani m'filiji kwa maola osachepera awiri. Ndi bwino kukanya m'mawa wa tsiku lomwelo. Phala logonetsa limakhala litataya fungo lina.

Vinyo wake

Prosecco amapangidwa makamaka ndi mphesa zotchedwa Glera, zomwe ziyenera kukhala zosachepera 85 peresenti, m'zigawo za Veneto ndi Friuli Venezia Giulia. Kuyambira mu 2009 malamulo amateteza dzinali kuti vinyo wochokera kwina asalitenge. Wapamwamba amachokera m'mapiri a pakati pa Conegliano ndi Valdobbiadene, kumpoto kwa Venice, komwe minda ina ndi yotsetsereka kwambiri moti mphesa amathyola pamanja pokha. Bungwe la UNESCO linaika mapiriwa pa mndandanda wa malo ofunika padziko lonse mu 2019. Mabotolo a Prosecco opangidwa chaka chilichonse tsopano amapitirira 600 miliyoni.

Thovu la vinyo ndi mpweya womwe yisiti amatulutsa akamadya shuga pamalo otsekeka. Ku Champagne, ku France, zimenezi zimachitikira m'botolo lililonse palokha, ndipo vinyoyo amakhala pamodzi ndi yisitiyo miyezi yambiri, mpaka kutenga fungo langati buledi wootcha. Prosecco amamuwiritsa kachiwiri m'mathanki akuluakulu achitsulo kwa masabata ochepa. Njirayi anaiyambitsa Federico Martinotti wa ku Italy mu 1895, ndipo Eugène Charmat wa ku France anaikonzanso patapita zaka zingapo. Zotsatira zake ndi vinyo wopepuka, wonunkhira maapulo ndi mapeyala a ku Ulaya, wotsika mtengo. Pa Bellini, wotchipayu ndiye woyenera. Champagne ali ndi fungo lakelake lamphamvu lomwe limalimbana ndi la pichesi, choncho wothira Champagne amalipira ndalama zambiri kuti aphimbe chinthu chomwe wavutikira kukanya.

Pa botolo pamalembedwa mawu omwe amasokoneza ogula ambiri. Brut ndiye wosatsekemera, wokhala ndi shuga wosapitirira magalamu 12 pa lita. Extra Dry ali ndi magalamu 12 mpaka 17, ndipo Dry ali ndi 17 mpaka 32. Mapichesi akupsa abweretsa kale shuga wawo, ndiye Brut ndi amene amayenerana nawo. Mapichesi akakhala owawasirako, Extra Dry amathandiza. Kumene Prosecco sapezeka, vinyo wa thovu aliyense wosatsekemera ndi wopepuka amalowa m'malo. Wa ku South Africa wolembedwa Cap Classique, yemwe anayamba ndi Frans Malan wa ku Simonsig mu 1971, amapangidwa mwa njira ya ku Champagne. Pa ntchito iyi sankhani wosakhalitsa, kapena wamba wolembedwa Brut.

Kuthira

Bungwe la akatswiri osakaniza zakumwa padziko lonse, International Bartenders Association, limati Bellini ndi mamililita 100 a Prosecco pa mamililita 50 a phala. Ku Harry's Bar amachepetsako phala, gawo limodzi pa magawo atatu a vinyo. Phala likakhala lokhuthala ndi lonunkhira kwambiri, tsatirani muyezo wachiwiriwu.

Lamulo lalikulu ndi kuzizira. Mpweya umakhazikika m'vinyo wozizira, koma umathawa msanga m'wofunda. Botolo ligone m'filiji usiku wonse, kapena likhale theka la ola m'ndowa ya madzi ndi ayezi. Matambula nawonso alowe m'filiji. Magetsi akathima, ndowa ya ayezi ija ikwanira zonse: botolo, mtsuko wa phala wotseka bwino, ndi matambula. Koma m'chakumwamo ayezi asalowemo, amachisungunula ndi kupha thovu.

Potsegula botolo, masulani kawaya chala chili pamwamba pa chitsekerero, pendeketsani botolo, lozetsani kopanda munthu, gwirani chitsekererocho mwamphamvu n'kumapotoza botololo. Chitsekerero chituluke ndi kamluzu chabe. Kuphulitsa kumasangalatsa alendo, koma kumataya mpweya ndi vinyo, ndipo chitsekerero chouluka chikhoza kuvulaza diso.

Yambani ndi phala pansi pa tambula. Thirani vinyo pang'ono kwambiri, ngati masupuni awiri, n'kutakasa mofatsa kuti phala lisungunuke. Apa thovu limakwera mwamphamvu, chifukwa kachidutswa kalikonse ka chipatso kamakhala poyambira timathovu. Dikirani litsike. Kenako pendeketsani tambula, tsitsani vinyo wotsalayo m'mbali mwa galasi pang'onopang'ono, ndipo pomaliza lowetsani supuni yaitali mpaka pansi n'kuikweza kamodzi kapena kawiri. Alendo akachuluka, chitani zomwezo m'jagi yozizira n'kugawira nthawi yomweyo. Bellini sasungika: pakapita mphindi zochepa phala limayamba kukhazikika pansi, vinyo n'kutsala pamwamba. Choncho thirani alendo atakhala kale pansi.

Za matambula musadere nkhawa. Malesitilanti ambiri amagwiritsa ntchito aatali okhala ndi mwendo, koma ku Harry's Bar amaperekera m'katambula kowongoka kopanda mwendo. Chofunika n'chakuti tambula ikhale yaing'ono, yopyapyala ndi yotsukuluza bwino, poti sopo wotsalira amapha thovu.

Patebulo

Chakumwa chotsekemera pang'ono ngati ichi chimayenda bwino ndi zakudya zamchere: mazira, tchizi, nyama yowamba yodulidwa mopyapyala, nsomba yowamba, buledi wopaka batala. Makeke otsekemera kwambiri amachichititsa kumveka chowawasa.

Prosecco amakhala ndi mowa pafupifupi 11 peresenti, ndipo akasakanizidwa ndi phala mphamvu yake imatsika kufika cha pa 7 kapena 8 peresenti. Imeneyo idakali mphamvu yoposa ya mowa wambiri wa m'mabotolo, ndipo chifukwa chakumwachi chimatsika mosavuta kukatentha, munthu amatha kumwa matambula atatu m'mimba mulibe kanthu osazindikira. Chakudya chiyambe kufika, ndipo jagi ya madzi ikhale pomwepo. Ana, amayi oyembekezera, oyendetsa galimoto ndi onse osamwa mowa asatsalire. Phala lomwelo, lothira madzi a soda ozizira kapena madzi a mphesa a thovu opanda mowa, limakhala chakumwa chokoma pachokha. Soda alibe shuga, ndiye phala lawo litsekemereko pang'ono.

Nyengo ya mapichesi ikamatha, otsala akhoza kukanyidwa, kuthiridwa mandimu n'kuumitsidwa m'filiji m'timiyezo ting'onoting'ono. Amakhala miyezi ingapo, ngakhale fungo limachepa. Koma anthu a ku Italy ali ndi njira ina yabwino kuposa imeneyi, yosintha chipatso potsata nyengo. Prosecco wothira masitiroberi okanya amamutcha Rossini, wothira madzi a manachesi ndi Puccini, wothira madzi a makangaza ndi Tintoretto. Kwa ife ndiye kuti manachesi a ku Mwanza nthawi yozizira, masitiroberi a ku Zomba kukayamba kufunda, mapichesi chilimwe chikafika pachimake. Aliyense mwa amenewa amafuna botolo la Brut la mtengo wapakatikati, sefa, ndimu limodzi ndi filiji kapena ndowa ya ayezi. Ndalama zomwe mukanaonjezera pa vinyo wodula, gulirani mapichesi ochuluka kuposa omwe mukufuna, kuti potumbula muzitha kutaya okayikitsa osadandaula.